Chotupa cha Mayi Chitsulo

"Musagwedezeke alamu, ndikubayani," anatero Chitsulo, mapini ali kukamwa.

Anali atagwada pasimenti m'chipinda chake chosokeramo, akupinda m'munsi mwa diresi lapepo. Mwini diresiyo, mlongo wamkulu wa mwamuna wake, anali ataimirira pakampando, maso ali pagalasi, dzanja lina m'chiuno, lina likubaya mpweya. Mayiwa ntchito yawo inali yolankhula. Ankayenda m'maholo ndi m'mahotela kulimbikitsa amayi, ndipo mawu awo ankamveka mpaka kumsewu, moti Chitsulo mumtima mwake ankawatchula a Chimkuzamawu. Mawa lake kunali msonkhano waukulu, choncho mawu ankayesedwa pamodzi ndi diresi.

"Mkazi sathyoka," anatero a Chimkuzamawu kuuza galasi. "Mkazi amapindika ngati nsungwi, mphepo ikadutsa n'kudzukanso. Pamenepa ndiima kaye kuti aombe m'manja. Mwaiona bwanji imeneyo, mlamu?"

"Ndi yabwino. Tembenukani."

Dzina loti Chitsulo anamupatsa ndi iwo omwewo. Chaka chimene apongozi ake aakazi anagwa m'bafa n'kufa ziwalo mbali imodzi, ana awo anakhala pansi n'kugwirizana kuti mayiwo akakhale kwa munthu amene sachoka pakhomo. Wosachoka pakhomo anali telala. Apongoziwo anali mayi wathupi. Pa moyo wawo wonse ankaphikira ana pasukulu yogonera komweko, ndipo ntchito yolawa ankaigwira mokhulupirika. Kuwadzutsa pabedi, kuwakhazika pachikuku, kuwalowetsa m'bafa, kuwatembenuza kuti asatuluke zilonda, zonsezo telala uja ankachita yekha. A Chimkuzamawu atamuona tsiku lina akuwanyamula, anaomba m'manja nati, "Uyu si munthu, ndi chitsulo." Dzina linamera pompo.

Poyamba linkamukoma. Ndani amadana ndi kutamandidwa? Anadzazindikira mochedwa kuti pabanja limeneli munthu akayamba kukutama, uziyang'ana chimene wabisa kumbuyo, chifukwa akufuna kukusenzetsa.

Ndiye tsiku lina akuwatulutsa m'bafa anamva kanthu kakung'ambika pansi pa mchombo. Panatuluka kachotupa konga dzira, kamene akagona chagada kankabwerera mkati. Adokotala anamuuza kuti mnofu wa pamimba unang'ambika, ndipo chotupacho ndi matumbo amene akusuzumira pachibowocho. Panafunika opaleshoni, kenako milungu ingapo osanyamula ngakhale ndowa ya madzi. Anamupatsa tsiku, sanapite, apongozi anali ndi chifuwa. Anamupatsa lina, sanapitenso, chifukwa a Chimkuzamawu, amene analonjeza kudzatenga mayi awo, anaitanidwa kutali. Ulendo womaliza namwino wa kuchipatalako sanamusekerere. "Mayi, zengerezu adalinda kwawukwawu. Mukapanda kubwera Loweruka masana, bedi lanu tipatsa wina. Ndipo matumbowo tsiku lina adzapotana muli panjira."

Loweruka lake linali mawa lomwelo la msonkhano.

"Ndiye mawa mukamaliza kulankhula, amayi mudzawatenga nthawi yanji?" anafunsa Chitsulo.

Dzanja la a Chimkuzamawu linaima m'mwamba. "Eya, nkhani imeneyo. Ndimati ndikuuzeni."

Chitsulo analavulira mapini m'dzanja. Mawu akuti "ndimati ndikuuzeni" ankawadziwa bwino, sanabwerepo ndi chabwino.

"Bungwe lina lamva za ntchito yanga. Akufuna ndiyende madera akumidzi mwezi wonse, kuyambira Lolemba. Mlamu, mwayi woterewu ukautaya sudzautolanso."

"Nanga kuchipatala?"

"Mukawapemphe akusunthireni pang'ono. Inu ndi Chitsulo. Mwapirira nthawi yonseyi, mwezi umodzi ungakugwetseni?"

"Anati sasunthanso."

"Onse amatero. Mukalankhule nawo molimba mtima, mukuwayang'ana m'maso. Vuto lathu amayife ndi lomweli, timagonja msanga." Anatembenukira pagalasi ngati atola chinthu chamtengo. "Timagonja msanga. Imeneyinso ndiinena mawa."

Kuchipinda china kunamveka supuni ikugogoda kapu yachitsulo. Ndi mmene apongozi ankaitanira.

"Komanso mawa ndikufuna mubwere," anapitiriza a Chimkuzamawu akuvula diresi. "Nkhani yanu ndimainena kulikonse, anthu amalira. Koma amafuna kukuonani ndi maso. Ndituma galimoto m'mawa."

"Amayi atsala ndi ndani?"

"Muwayatsire wailesi, mukoke chitseko. Si nthawi yaitali."

Supuni ija inagogodanso, tsopano mwaukali. A Chimkuzamawu anatsogola, koma anakaima pakhomo la chipindacho monga ankachitira nthawi zonse, phazi limodzi mkati, thupi lonse kunja. M'chipindamo munkamveka fungo la mafuta opaka ndi la pulasitiki yoyala pabedi.

"Amayi anga okongola, mukuoneka bwino lero. Muzilimba, mwamva? Ndathamanga, tionana."

Nkhope ya apongozi inawala mbali imene inkathabe kuwala. Anamvetsera nsapato za mwana wawo mpaka zitatuluka pageti, kenako anatembenukira kwa Chitsulo.

"Mwana wanga uja amatopa. Wamupatsa tiyi?"

"Ndawapatsa."

"Tiyi wako uja wonga madzi otsukira makapu? Tandikweza, ndatsetsereka."

Chitsulo anawalowetsa manja m'khwapa n'kuwakweza. Pansi pa mchombo panalasa, iye n'kuluma mano.

Madzulo a tsikulo, dzuwa lisanalowe, anaimbira mwamuna wake. Bamboyo anali dalaivala wa lole, ndipo anali atakhala masiku pamzere wa kumalire a dziko. Anamvetsera nkhani yonse akungoti, "Ee, ee, zovuta."

"Inu mukudziwa kuti lole ya eni sindingaisiye pamsewu," anatero. "Achemwali nawonso ndi ntchito imeneyo. Koma inu akazi anga, Mulungu anakuumbani ndi dothi lina. Ndikamawauza anzanga kuno zimene mumachita, sakhulupirira."

"Anzanuwo angabwere kudzanyamula mayi anu?"

"Mwati chiyani? Halo? Mukuduladula."

Netiweki ya kumalire inali ndi khalidwe lake. Inkagwira bwino akamafunsa za malaya ake kapena za mpira, koma nkhani ikangofika pa mayi ake inkadwala mwadzidzidzi. Chitsulo anaponya foni pamulu wa nsalu. Anakwiya moti anasoka mkono wa malaya a kasitomala mozondoka, n'kuyambanso kusomola.

M'mawa wa Loweruka anawasambitsa apongozi ndi kansalu pabedi pomwepo, kuopa bafa. Koma pachikuku panalibe kuchitira mwina. Anakokera chikukucho pafupi, anatsitsa miyendo yawo, anawakumbatira, n'kudzuka nawo. Ali pakati pa bedi ndi chikuku, ululu unamugwira ngati wina wamukoka ndi mbedza. Sanawagwetse. Anawakhazika bwinobwino, anakonza phazi lakufa lija pachopondera, kenako iye anagona chagada pasimenti n'kuyamba kukankha chotupa chija ndi zala. Chinali cholimba, ndipo chinakana kubwerera.

"Wagona pansi ngati mwana bwanji? Tiyi wanga akuzizira."

Chitsulo anapitiriza kukankha. Thukuta linkalowa m'makutu. Anapuma pang'onopang'ono monga anamuphunzitsira namwino, akukankhabe, mpaka chinthucho chinaterereka n'kulowa. Anakhala choncho kanthawi akuyang'ana kudenga. Anachita mantha, mantha enieni amene sanawamvepo chiyambire matendawa.

Apongozi anali atasuzumira kuchokera pachikuku.

"Chimenecho chakula," anatero. "Ine ndinkayesa ndi kunenepa."

"Ndi chija ndinakuuzani."

"Ukafa iweyo, adzandisambitsa ndani?"

"Limenelo mukafunse ana anu."

"Ana anga ndi otanganidwa."

"Eya. Wosewera ndi ine."

Chikwatiwire sanawayankhepo choncho. Chitsulo anadzuka mogwirira bedi, anawamwetsa tiyi, n'kupita kukavala. Kuseri kwa chitseko cha chipinda chake kunali chikwama cha kuchipatala chimene anachilongedza kalekale, ulendo woyamba uja. Anachiyang'ana, nachonso chinkangomuyang'ana. Panja hutala inalira.

"Ukupita kuti watchena chotere?" anafunsa apongozi atamuona akudutsa.

"Kumsonkhano wa mwana wanu. Akufuna akandionetse kwa anthu."

"Ine sanandiitane?"

"Ati ndikuyatsireni wailesi, ndikoke chitseko."

Apongozi ankamutama mwana wawoyo kwa aliyense wobwera kudzayesa zovala, koma sanamuonepo akulankhula pagulu. Dzanja lawo lamoyo linasewera ndi supuni ija kwa kanthawi.

"Ndipatse chipewa changa chija cha maluwa," anatero. "Ine si mphaka woti azinditsekera m'nyumba."

Chitsulo anatsitsa chipewa pamwamba pa kabati n'kuchipukuta fumbi. Kenako manja ake anayamba okha kusonkhanitsa zina: mankhwala, mafuta opaka, matewera, pulasitiki ya pabedi, madiresi, kapu yachitsulo ndi supuni yake. Zinadzaza chikwama chachikulu. Potuluka anatenganso chija cha kuseri kwa chitseko. Akanafunsidwa pamenepo kuti akukachita chiyani, sakanayankha bwinobwino. Ankangodziwa kuti akawapemphanso alamu ake kamodzi, ndipo ulendo uno sakawapempha ali chogwada ndi mapini kukamwa.

Dalaivala wa galimoto anadabwa kuona anthu awiri, chikuku ndi zikwama, koma anali munthu waulemu. Anawanyamula apongozi kuwalowetsa kumbuyo, ndipo atawongoka anagwira msana.

"Mayi, zimenezi mumazitha nokha?"

"Anthu amatero," anayankha Chitsulo.

Holo ya hotelayo inali itadzaza. Amayi anavala malaya ofanana olembedwa mawu pachifuwa, ena anali ndi mabaluni, ndipo kukhoma kunali chinsalu chachikulu chokhala ndi nkhope ya a Chimkuzamawu atakunga chibakera. Chitsulo anaimika chikuku kumbuyo kwenikweni, pafupi ndi chitseko, n'kukhala pampando wotsala. Apongozi anakonza chipewa.

"Ndi uyo," anatero mokweza, akugunda mayi wina amene anakhala pafupi. "Ndinabereka ine ameneyo."

Kunena zoona, a Chimkuzamawu ntchito yawo ankaidziwa. Diresi lapepo lija linawakhala ngati anabadwa nalo. Ankayenda uku ndi uku pansanja, mawu akukwera, akutsika, holo yonse ikupuma nawo limodzi. Ya nsungwi ija itafika anaima, ndipo manja anaombedwa pamalo pomwe anakonza. Ya kugonja msanga nayo inalandiridwa. Chitsulo ankamvetsera monga telala amayang'anira chovala chimene akudziwa pamene pali chigamba. Ankayang'ananso wotchi ya pakhoma, ndipo mtima unkamuwawa.

Kenako a Chimkuzamawu anatsitsa mawu.

"Amayi anzanga, ndikufunseni. Ndani anakuuzani kuti muyenera kupempha chilolezo kuti mukhale ndi moyo? Mukudikira ndani? Katundu amene simunanene kuti akulemera, palibe adzabwere kudzakutulani. Adzangokuyamikirani kuti mumayenda bwino."

Holo inang'ung'udza movomereza. Mayi wa pafupi uja anapukuta m'maso. Chitsulo anakhala njo. Imeneyi sanaimve pagalasi dzulo. Chimene chinamukwiyitsa kwambiri n'chakuti mawuwo anali oona, ndipo anatuluka m'kamwa mwa munthu yemweyo amene anamusenzetsa katunduyo.

"Lero ndakubweretserani umboni," anapitiriza a Chimkuzamawu. "Ndili ndi mlamu wanga. Telala chabe, koma mkazi ameneyu amanyamula apongozi ake yekha, m'mawa ndi madzulo, osadandaula, osapempha thandizo kwa munthu. Kwathu timamutcha Chitsulo. Mlamu, muli kuti? Bwerani kuno akuoneni."

Mitu yonse inatembenuka. Chitsulo anakoleka chikwama chachikulu kumbuyo kwa chikuku, chaching'ono paphewa, n'kuyamba kukankha pakati pa mipando. Apongozi ankagwedeza dzanja uku ndi uku ngati mkwatibwi. A Chimkuzamawu atawaona mayi awo, nkhope inagwa, koma anaitola msanga.

"Ndipo taonani, wabwera nawo. Simukuona? Sawasiya ngakhale pang'ono. Aombereni m'manja."

Manja anaombedwa mpaka chikuku chinafika kutsogolo. Pamenepo panali masitepe okwerera pansanja.

"Kwerani nawo kuno, mlamu. Aonetseni amayiwa mmene mumachitira."

Mafoni anakwezedwa m'mwamba kuti ajambule. Chitsulo anagwira zogwirira za chikuku. Thupi lake linkadziwa zochita: kutembenuza chikuku, kuchipendeketsa, kukoka sitepe imodzi imodzi chobwerera m'mbuyo. Mwina akanatha. Nthawi zonse ankatha, ndipo vuto lake linali lomwelo. Anamva pansi pa mchombo pakugunda. Anaponda buleki ya chikuku n'kuchotsa manja.

"Sindikweza," anatero.

A kutsogolo okha ndi amene anamva. A Chimkuzamawu anaseka, anatsika sitepe imodzi n'kumulozetsa maikolofoni.

"Ndi wamanyazi mlamu wangayu. Chabwino, lankhulirani pomwepo. Auzeni amayiwa, chinsinsi cha mphamvu zanu n'chiyani?"

Chitsulo sanalankhulepo pamaikolofoni. Mawu ake atatuluka m'makoma anadzidzimuka nawo, koma anapitiriza.

"Chinsinsi ndilibe. Ndili ndi chotupa. Mnofu wa pamimba unang'ambika chifukwa chonyamula, ndiye matumbo amatuluka. Lero m'mawa anakana kubwerera. Akundidikira kuchipatala masana ano, ndipo ndikapanda kupita bedi apatsa wina. Alamu anga anena zoona kuti sindinapemphepo thandizo pagulu. Ndiye ndati ndiyambe lero. Katunduyu akundilemera. Amayi awa ndi mayi awo, ndawabweretsera."

Kumbuyo wina anayamba kuomba m'manja poganiza kuti ndi mbali ya pulogalamu, koma ataona kuti ali yekha analeka. A Chimkuzamawu anazimitsa maikolofoni n'kutsika masitepe otsalawo.

"Mlamu, mwandivula pagulu," ananong'ona.

"Munandiitana ndinu."

"Tikambirana kunyumba."

"Kunyumba tinakambirana dzulo."

A Chimkuzamawu anayang'ana mayi awo mwakuba, n'kubweza maso msanga. Atalankhulanso, mawu aja omveka mpaka kumsewu anali atatsala kamphepo chabe.

"Simukumvetsa. Si ulendo wokha ayi. Ine sinditha. Mayi anga ankanyamula mphika wa ana a sukulu yonse okha. Ndikawaona chonchi, malovu akutsika, mtima umandithawa. Ndikafika pakhomo paja miyendo imakana."

Chitsulo sankayembekezera zimenezo, ndipo zinamufewetsa pang'ono, zomwe sanafune.

"Nanenso unkandithawa," anatero. "Umabwerera. Zonse zili m'chikwamamo. Muziwatembenuza, ndipo powanyamula mupeze wina wogwira mbali inayo. Musachite zanga."

Anatembenuka kuti azipita, koma dzanja linamugwira pamkono. Linali dzanja lamoyo la apongozi, ndipo linali ndi mphamvu za manja awiri.

"Iwe, wandibweretsa kuti udzanditaye?"

Funso limenelo linamulasa kuposa chotupa. Anali atawasambitsa mayiwa mpaka kudziwa kachipsera kalikonse ka pathupi pawo. Ankadziwa kuti amaopa kugwa, ndipo pogona amafuna chitseko chikhale chotsegula pang'ono. Mayiwa anamutukwana, anamunyozera tiyi, sanamuthokozepo ndi tsiku limodzi, komabe kuwasiya pamenepo kunamupweteka. Anawerama mpaka nkhope zawo zinayandikana.

"Sindikukutayani, amayi. Ndasoka za anthu nthawi yaitali, ndikasokedweko nane. Ndikachira ndibwera."

Apongozi anamuyang'ana nthawi yaitali ndi diso lawo labwino lija. Kenako zala zinamasuka chimodzichimodzi.

"Ukawauze asoke zolimba," anatero. "Osati zako zija zosomoka." Anatembenuzira mutu kwa mwana wawo. "Iwe, waima ngati mtengo bwanji? Mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo. Chipewachi chapendekeka, tandikonza."

A Chimkuzamawu anayang'ana holo yonse, anayang'ana maikolofoni imene inali m'manja mwawo, n'kuiika pasitepe. Anatambasula manja mwamantha ngati akukhudza mbaula, n'kuwongola chipewacho. Pachibwano cha mayi awo panali malovu. Anazengereza, kenako anawapukuta ndi chala.

Chitsulo sanadikire kuti aone zotsatira. Anayenda pakati pa mipando paja, amayi akumupatsa njira. Wina ananena chapansipansi kuti zinthu zapabanja sazitengera pagulu. Wina, mayi wachikulire wovala malaya a msonkhano pamwamba pa diresi, anamugwira paphewa nati, "Pitani mwana wanga, mutu umodzi susenza denga." Iye anangopitirira mpaka panja. Mawu anali atamukwana tsiku limenelo, okoma ndi owawa omwe.

Ali m'minibasi foni inalira. Anali mwamuna wake, ndipo netiweki ya kumalire inali itachira modabwitsa, mawu ankamveka ngati ali pampando wa pambali.

"Mwachita chiyani kodi? Achemwali andiimbira akulira. Akuti ulendo wawo wawonongeka, anthu ajambula, ndipo amayi akufuna kuchimbudzi pahotela pomwepo."

"Ndiye awaperekeze."

"Koma inu, si khalidwe lanu limeneli. Inu ndinu munthu wopirira, munthu wolimba..."

"Bambo," anamudula. "Lole yanuyo ili ndi mabuleki?"

"Ili nawo, bwanji?"

"Mukawoloka muiimike kwa eni ake, mupemphe tchuthi. Achemwali anu afunika wogwira mbali inayo. Ine akanditulutsa sindinyamula kanthu, ngakhale ketulo."

Chitsulo anadikira kuti amve "halo, halo," koma sizinabwere. Anangomva mwamunayo akupuma. Anazimitsa foni yonse n'kuiika pansi pa chikwama. Ankadziwa kuti nkhaniyi sinathere pamenepo. Alamu ake mwina sadzamukhululukira msanga, achibale adzaikamba m'maukwati ndi m'maliro, ndipo dzina lake lidzasintha, sankadziwa kuti latsopanolo lidzakhala lotani. Anadzifunsa ngati anaika mafuta opaka aja m'chikwama, n'kukumbuka kuti anaika.

Kuchipatala anapeza namwino yemwe uja. Mayiyo anamuyang'ana pamwamba pa magalasi.

"Mwabwera? Ndimati ndiitane wina. Lero simunabwere ndi chifukwa?"

"Ndachisiya kuhotela."

Namwino sanafunse zambiri. Anamutengera m'chipinda cha amayi, anamupatsa chovala cha odwala chomanga kumbuyo, n'kumudikira kuti avale. Chitsulo anaona kuti msoko wa paphewa unali wokhota, koma anaugwira mtima. Bedi lake linali la pafupi ndi zenera, lalitali, la miyendo yachitsulo yokhala ndi matayala.

"Ndi lalitali pang'ono limeneli, ndipo kopondera kaja wina watenga," anatero namwino. "Mukwera nokha?"

Chitsulo anayang'ana bedilo. Akanatha. Akanagwira m'mphepete, n'kuluma mano, n'kudzikoka, ndipo namwinoyo akanamuyamikira.

"Ayi," anatero. "Ndigwireni."

Namwino anamulowetsa manja m'khwapa n'kumukweza, akubuula pang'ono. Chitsulo anadzisiya yense m'manja mwa mayiyo. Anali wolemera kuposa mmene namwino ankaganizira, ndipo sanapepese.